Bokosi la a Kaliati Linabwerera M'nyumba

Kwawo ku Nkhulambe anthu ankati Dickson ndi wa mafilimu, ndipo sankanama. Koma akanamuona pa ntchitopo, ena akanamumvera chisoni. Ntchito yake inali kuima pambali pa mwini kamera, zala zili pa kagudumu ka lenzi, n'kumapotokola pang'onopang'ono kuti nkhope ya wosewera isachite mbuu akamayandikira kapena kutalikira. Anzake ankaitcha ntchitoyi kukoka fokasi. Ikatha imeneyo ankanyamula miyendo ya kamera, kutchaja mabatire, kukulunga mawaya, ndi kuthamangitsa nkhuku zolowa m'chithunzi osaitanidwa. Zaka zinapita ali pambali pomwepo. Kamera yeniyeniyo ankaigwira poilowetsa m'chikwama basi.

Anayambira pa maukwati ku Migowi, akunyamulira katundu bambo wina wojambula mavidiyo. Kenako anapezeka ku Limbe, kenako pa kampani ina ya ku Blantyre yojambula masewero a pa TV ndi timafilimu ta mabungwe. Nthawi zina wosewera akapanda kubwera, mwina waledzera, mwina wangonyanyala, dayirekita ankaunguzaunguza n'kuloza Dickson. Motero Dickson anakhalapo mlonda, anakhalapo kondakitala wa minibasi, anakhalaponso wodwala wa pa bedi la kumapeto amene sayankhula. Ulendo wina anamuveka jekete lakuda kuti akhale m'bale wa womwalira, ndipo analira mpaka mamina, moti mayi wophikira gulu lojambulalo tiyi analira naye. Kulirako anakubwereza kangapo, poti pena galu ankauwa, pena dzuwa linkabisala. Pa filimu chinthu sichichitika kamodzi. Chikalakwika wina amakuwa kuti "Kati!" kutanthauza kuti lekani, ndipo aliyense amabwerera pamene anayambira. Ukagwira ntchito yotere nthawi yaitali, zimakulowa m'magazi osadziwa.

Dickson ndi mlongo wake Lenia analeredwa ndi malume awo, a Kaliati, mayi awo atamwalira iwo akadali aang'ono. A Kaliati ndi akazi awo a Rozaria analibe mwana wobereka okha, ndipo awiriwa anawatenga ngati ana awo, moti a Rozaria ankangotchulidwa kuti amayi. Nandolo wa m'munda mwa a Kaliati ndiye anaphunzitsa Dickson sukulu. Koma chionereni tauni, kumudzi ankangopitako ngati mlendo wodutsa. Ngakhale chaka chimene madzi anagumuka m'phiri n'kusiya miyala ikuluikulu m'minda ya anthu, iye anabwera ndi gulu lojambula, kupereka moni kwa malumewo chiimirire, n'kubwerera pa galimoto tsiku lomwelo. Tisamunamizire, zimenezi zinkamudya mumtima. Kungoti manyazi a kusapita kwawo ankamuchititsa kuti asapitenso, ndipo ankangokulirakulira.

Foni ya Lenia inamupeza m'mawa wina akupukuta magalasi a kamera.

"Achimwene, malume atisiya."

Dickson anakhala pansi, pa bokosi la mabatire.

"Ndipo mubwere nokha, musatumize uthenga," Lenia anapitiriza. "Anthu kuno ayamba kale kufunsa ngati a Kaliati analeradi mwana wamwamuna, kapena ife tinkangolota."

Mawu amenewa anamubaya. Chimene Dickson ankafuna tsopano chinali chimodzi: kuti pa maliropo awerengedwe ngati mwana wa pakhomo paja. Koma apita ndi chiyani? Bokosi anali atakonza kale amuna ake a Lenia. Ufa, nkhuni ndi ndiwo zinali zobwera ndi anthu a m'mudzi. Ndiye nzeru inamubwerera, yooneka yabwino kwambiri m'mutu mwake: apita ndi kamera. Awajambulira malume maliro oti ku Nkhulambe sanaonekepo, chinthu choti chidzakhale mpaka adzukulu. Dayirekita anamubwereka kamera yaing'ono ndi miyendo yake, n'kumupepesa. Ndipo ngati tinganene zonse, pansi pa chisonicho panali kachimwemwe kena kobisika, koti kwa nthawi yoyamba kamera idzakhala m'manja mwake yekha.

Anatsika minibasi pa boma, n'kukwera njinga yamoto yodutsa pakati pa mapiri. Atafika pamene anaika masamba pamsewu posonyeza kuti pano pali zovuta, wanjinga anazimitsa injini, ndipo Dickson anayenda wapansi, chikwama kumsana, miyendo ya kamera paphewa. Azibambo okhala pansi pa mtengo wa mango anamuyang'ana, kuyang'ananso katunduyo, n'kuyang'anana. Analowa m'nyumba ya siwa kukapereka moni. A Rozaria anali pa mphasa pafupi ndi bokosi, maso atatupa. Atamuona anamugwira dzanja ndi manja awo onse awiri osalitaya msanga.

"Wabwera, mwanawe," anatero. "Malume ako ankati ubwera."

Dickson anangowerama.

M'mawa wa tsiku loika, Lenia anamukokera kuseri kwa khitchini.

"Amayi anena kuti bokosi likamatuluka, inu ndi amene muwagwire mkono. Muyende nawo pambuyo pa malume mpaka kumanda."

"Ndamva. Kungoti potuluka penipenipo ndiyenera kujambula. Ndi pamene pali pofunika. Uwagwirire iwe kaye, ine ndikupezani panjira."

"Achimwene, atchula inu."

"Ndi kanthawi kochepa, Lenia. Iweyo sungamvetse, koma udzandithokoza ukadzaona."

Lenia anamuyang'ana kuyambira kunsapato mpaka kumutu, n'kumangitsa chitenje chake, n'kuchoka.

Pa ntchito yake Dickson anali katswiri, zimenezo tisamulande. Anayeza ndi maso mtunda wochokera pakhomo kufika pamene anaimika kamera. Anaona kuti dzuwa likugwera bwino pa chitseko, ndipo phiri likuoneka kuseri kwa denga. Anasuntha benchi, anapempha mayi wina kuti achotse ndowa yapulasitiki yofiira imene inkaononga chithunzi. Anthu ankamumvera, poti ankaoneka wodziwa chimene akuchita. Mwambo woona nkhope utatha, amayi a mpingo ovala zoyera anayambitsa nyimbo m'nyumba muja, nyimbo yapansipansi yokoka mtima. Anyamata onyamula bokosi anawerama, Ufulu mwana wa a Salimu oyandikana nawo nyumba ali kutsogolo. Mutu wa bokosi unatulukira pakhomo, kuwala kwa dzuwa kukutsetsereka pa thabwa, ndipo zala za Dickson zinapotokola kagudumu kaja mwaluso, kulitsata bokosilo osaliphonya. Chinali chithunzi chokongola kuposa zonse zimene anaonapo pa kagalasi ka kamera.

Kenako anaona kuti kadontho kofiira ka pakona sikakuyaka.

Sanadine batani lojambulira. Zaka zonse zija batani limenelo linali la munthu wina, iye lake linali gudumu. Zonse zimene anaonazo sizinalowe m'kamera. Chala chinadina batani, ndipo pakamwa panatseguka pokha mutu usanaganize.

"Kati! Imani! Bwererani mkati, tiyambirenso!"

Anakuwa ndi mawu a pa ntchito, mawu oti munthu akawamva amayamba wamvera kenako n'kufunsa. Anyamata aja, ozolowera kulamulidwa ndi akuluakulu pa maliro, anaima n'kuyamba kubwerera chafutambuyo. Bokosi, limene linali litatsala pang'ono kutuluka lonse, linalowanso m'nyumba. Linagunda felemu la chitseko, phokoso lake linamveka mpaka pa mtengo wa mango, ndipo linakankha amayi amene ankabwera pambuyo. A Rozaria anadzandira n'kukhala pansi, Lenia ali chigwirire mkono wawo. Nyimbo inadukira pakati pa liwu.

Panali zii. Ngakhale ana anasiya kusuntha.

Bambo wina wachikulire anadzuka pa benchi, chipewa chili m'manja. "Maliro akatuluka sabwereranso m'nyumba," anatero, osakweza mawu. "Chibadwire changa sindinazionepo. Mukufuna abwerere adzatenge ndani?"

Amayi ena anayamba kutuluka m'nyumbamo mopanikizana, akudutsa m'mbali mwa bokosi, maso ali pansi. Ufulu anayang'ana Dickson, misozi ya ukali ili m'maso, poti iyenso manja ake anali atachita nawo chinthucho. Ndipo m'katimo a Rozaria analira kulira kwina, kosiyana ndi kwa m'mawa, kulira kwa munthu amene amuchotsa nkhanambo bala lisanapole.

Mkulu wa mpingo ndiye anapulumutsa zinthu. Anaima pakhomo, anapemphera mwachidule, kenako anayambitsa yekha nyimbo ija. Amayi anailandira mmodzimmodzi. Bokosi linatulukanso kachiwiri, ndipo ulendo uno kadontho kofiira kankayaka bwinobwino.

Dickson ankalakalaka nthaka itang'ambika. Munthu wanzeru akanazimitsa kamera pomwepo, n'kuthamangira kukagwira mkono uja. Iye sanathe. Akanayang'ana bwanji a Rozaria m'maso? Kamera inali chinthu chokhacho chimene akanabisako nkhope, ndiye anainyamula n'kuikanikiza padiso, n'kutsatira gulu cham'mbali mwa njira, akuponda mizere ya chinangwa cha eni ake. Kumanda anajambula ulaliki, anajambula adzukulu akutsitsa bokosi, anajambula abale akuponya dothi ndi kuika nkhata. Dzina lake litaitanidwa kuti adzaike nkhata ya ana a malemu, anali kuseri kwa mtengo akusintha batire, ndipo anamva koma sanatuluke. Lenia anaika yekha.

Palibe amene anamukalipira, ndipo chimenecho ndicho chinapweteka kwambiri. Akanakonda wina amutukwane, kapena amuwombe khofi, nkhani ithe. Koma anthu ankangomupatuka mwaulemu. Pa chakudya, mtsikana wogawa mbale anamuikira yake pa benchi la alendo ochokera kutali, pamodzi ndi aphunzitsi awiri a ku Chiringa amene sankamudziwa n'komwe. Mmodzi wa iwo anamufunsa ngati maliro amajambula pafupipafupi, ndiponso ngati malemuwa ankawadziwa.

"Pang'ono," Dickson anayankha, n'kukankhira mbale pambali.

Madzulo dzuwa lisanalowe anayamba kulongedza katundu wake mwakachetechete. Lenia anamupeza akumanga chikwama.

"Mukuthawa?"

"Ndili ndi ntchito mawa."

"Ntchito mwaigwira kale lero, tonse taiona." Lenia anaima pakhomo, manja m'chiuno. "Mukudziwa kuti amayi ena akukana kulowa m'nyumba muja? Akuti mpaka abusa adzapemphererenso. Mukudziwa kuti mayi a Ufulu alira tsiku lonse, ati mwana wawo wanyamula tsoka ndi manja? Inu mukwera njinga yamoto, ife titsala nazo."

"Lenia, sindinafune. Pakamwa panangoyankhula pokha."

"Ndikudziwa kuti simunafune. Inu simufuna chilichonse, zimangochitika. Simuchoka mpaka tisese. Mukachoka lero musadzabwerenso, ine ndidzawauza ana anga kuti ndinabadwa ndekha."

Anatsala. Masiku otsatirawo abale anasesa, abusa anabwera kudzapemphera m'nyumba muja, ndipo alendo anayamba kubalalika. Dickson ankakhala kuseri kwa nkhokwe ndi laputopu yake, imene ankakatchajitsa kwa wometa tsitsi wa pa msika. Apa ndiye panali pamene akanakonza zinthu, mwa njira yokhayo imene ankaidziwa. Anaonera chiyambi cha zimene anajambula kamodzi kokha, makutu akuyaka: mawu ake okuwa, bokosi likubwerera, kugunda kwa thabwa, nyimbo ikuduka. Anadula zonsezo. Anatenga kutuluka kwachiwiri n'kukuika poyambirira, analumikiza nyimbo mosamala moti ngakhale woimba sakanadziwa pamene panali bala. Anachotsa nkhope zokwiya, anasiya zachisoni zokha. Pomaliza, a Kaliati ankatuluka m'nyumba mwawo kamodzi, mwaulemu, dzuwa lili pa thabwa, phiri lili kumbuyo. Inali ntchito yabwino, yoti dayirekita akanaiona akanagwedeza mutu. Dickson anapumako pang'ono, n'kuganiza kuti mwina mphatso yake ija yapulumuka.

A Rozaria anali asanamuyankhule chiikireni maliro. Masana ena anatuma Lenia.

"Amayi akuti mubwere nacho chimene munajambulacho."

Anawapeza pakhonde, atakhala pa mphasa, miyendo atatambasula, duku lakuda kumutu. Dickson anagwada, anaika laputopu pa kampando, anaitembenuza kuti dzuwa lisawalire pa galasi. Lenia anakhala pakhomo. Filimu inayamba.

A Rozaria anaonera atasendeza nkhope pafupi. Gulu litayamba kuyenda, anayamba kutchula anthu mmodzimmodzi, chala chikuloza. "A Belita awo, abwera ndi mwendo wawo wodwalawo. Uyo ndi Eveles wa ku Mkhumba, ine sindinamuone tsiku lija. Aa, a Salimu anagwira nawo khasu? Mulungu awadalitse." Pena ankapukuta maso ndi nsonga ya chitenje, pena ankamwetulira pang'ono. Mtima wa Dickson unayamba kutsika m'malo mwake. Nkhata yomaliza itaikidwa, chithunzi chinada pang'onopang'ono, monga mmene iye anakonzera.

"Yatha?"

"Yatha, amayi."

A Rozaria ankayang'anabe galasi lakudalo.

"Ndaona anthu onse," anatero. "Ndaona a mpingo, ndaona a ku Chiwalo, ngakhale galu wa a Salimu ndamuona akudutsa. Iwe sindinakuone."

"Wojambula saoneka, amayi. Amakhala kuseri."

"Nanga mawu ako aja ali kuti?"

Dickson anayang'ana mphasa. "Ndachotsa. Ndinati musamaonenso zoipa zija. Ndinalakwa, amayi, ndinalakwa kwambiri. Ndiye ndakonza kuti malume atuluke bwino."

"Wakonza." A Rozaria analibwereza liwulo pang'onopang'ono. "Amuna anga anatuluka kawiri m'nyumba muno. Ine ndinalipo, ndinagwa pansi apo. Mudzi wonse unalipo. Ukuganiza kuti ukachotsa m'kabokosi kakoka ndiye kuti zachoka?"

Dickson anaweramitsa mutu.

"Tamvera, mwanawe. Ana a Lenia akadzakula adzaonera chimenechi. Adzaona aliyense, ndiye adzafunsa kuti, kodi amalume a Dickson anali kuti agogo akuikidwa? Ine mwina kudzakhala kulibe. Adzawayankha ndani?" Mawu awo sanakwere. "Mkono wanga sunaugwire. Dothi sunaponye. Nkhata anaika mlongo wako yekha. Pa maliro a munthu amene anakulera unachitapo chinthu chimodzi chokha, choipa chomwecho, ndiye wachichotsanso? Ukufuna utsale wopanda kanthu?"

Misozi inayamba kugwera pa mathalauza a Dickson, yosaitanidwa, yopanda phokoso.

"Bwezeramo," anatero a Rozaria.

"Amayi, chonde."

"Ndati bwezeramo. Pompano, ine ndikuona."

Dickson anakokera laputopu pafupi. Anafufuza chidutswa chija kumene anachitaya, anachikoka, anachiika poyambirira pa filimu. Sizinatenge nthawi. Kuononga ntchito ya masiku angapo kunali kosavuta kuposa kuikonza.

"Yatsa. Ukwezenso mawu, makutu angawa ndi okalamba."

Anakweza mpaka kumapeto. Pa galasi panaoneka chitseko, bokosi lili pakati pa khomo, nyimbo ikumveka. Kenako mawu ake anaphulika pakhonde paja, aakulu, odzikhulupirira, moti nkhuku imene inkatola zakudya pabwalo inathawa, ndipo mayi wina wodutsa ndi ndowa pamutu anaima n'kutembenuka.

"Kati! Imani! Bwererani mkati, tiyambirenso!"

Dickson anatseka maso. A Rozaria sanatseke awo. Anaonera bokosi la amuna awo likubwerera, anadziona okha akugwa pansi, anamvetsera kulira kwawo komwe mpaka kunatha. Atatero anapukuta nkhope ndi chikhatho, n'kutembenukira kwa Lenia.

"Wamva?" anatero. "Anabwera."